Ku Senga Bay ng'oma zikaleka kulira

Ndiloleni ndifotokozeko za maulendo awiri amene ndidayenda ku Senga Bay m'boma la Salima. Woyamba udali m'chilimwe, sabata ya chikondwerero cha nyimbo. Wachiwiri udali mu February, mvula ili pakati. Adandituma ndi achemwali anga. Mwana wawo wamwamuna atalemba mayeso a Fomu 4 adakhala pakhomo zaka ziwiri osapeza chochita, kenaka adatsikira kunyanja. Akaimba foni ankangoti, "Amayi musadandaule, ndili pantchito." Ntchito yake yanji, malipiro ake ndi otani, osanena. Tsiku lina achemwali adati, "Achimwene, mwini mbumba ndinu. Pitani mukaone ndi maso anu. Ngati ndi zachibwana mukabwere naye adzalime." Ndidavomera, ndipo ndidapita kukafufuza za mnyamata mmodzi, koma ndidabwerako ndi nkhani ya anthu ambiri amene amadya chifukwa choti ena asonkhana.

Ndidanyamuka Lachisanu m'mawa pa depoti ya Lilongwe. Tsikulo oitanira sankavutika kukuwa, minibasi za ku Salima zinkadzaza zokha. Mtengo udali utakwerako, ndipo nditadandaula kondakitala adangoseka: "Madala, lero ndi lero. Lachiwiri mudzakwera pamtengo wanu uja." M'basimo mudali achinyamata onyamula matenti, zikwama ndi mabokosi oziziritsira zakumwa. Pa Chezi dalaivala adaima, ndipo amayi adatizinga ndi mabeseni a tomato, anyezi, nthochi ndi chimanga chootcha. Galimoto zing'onozing'ono za anthu a m'tauni zidali zitandandalika m'mbali mwa msewu, eni ake akugula ndiwo za masiku atatu. Mayi amene adandigulitsa nthochi adati, "Kukadakhala magule kunyanja sabata iliyonse, bwenzi titakhoma malata tonse." Nyanja idali isadayambe n'kuoneka komwe, koma ndalama za chikondwerero zidali zitayamba kale kugwa m'njira.

Kuchoka ku Lilongwe kufika ku Salima pamsewu wa M14 pali makilomita pafupifupi 100. Ukadutsa Mvera msewu umatsetsereka, mpweya umasintha, malambe amayamba kuoneka, thukuta n'kuyamba kutsika pamsana. Pa Kamuzu Road ndidatsika ndi kufunafuna cholowera ku Senga Bay, mtunda wina wa makilomita ngati 20. Ma Sienta onse adali odzaza mpaka kubuti, choncho ndidakwera kabaza wa njinga yamoto. Mnyamata wake adandiuza kuti kuyambira mbandakucha adali atayenda kale maulendo ambiri moti adasiya kuwerenga. Njingayo adaitenga pangongole, amabweza mwezi ndi mwezi. "Abwana, masiku atatu awa ndi amene amandipumitsa. Ndikagwira bwino ndilipira miyezi iwiri nthawi imodzi." Tidadutsa osema ziboliboli atayala mipando yachifumu, bawo ndi njovu zamtengo m'mbali mwa msewu, ena akupaka polishi mothamanga ngati mawa kulibe.

Mphwanga ndidampeza pafupi ndi geti la malo a chikondwerero, atada ndi dzuwa, mapewa atasupuka. "Amalume, mwafika? Malo ogona musavutike nawo, ndakupezerani." Zoonadi, malo onse ogona alendo adali atadzaza kalekale, kuyambira hotela zikuluzikulu mpaka tizipinda ta kuseri kwa mabala. Adanditengera m'mudzi kwa mayi wina wamasiye amene adasamutsa ana ake kukagona kwa mng'ono wake, n'kukonza zipinda ziwiri za alendo. Adayala mphasa ndi matiresi, adapachika masikito, pakhomo adaika ndowa ya madzi osamba. Madzulo adatiphikira mpunga ndi chambo, ife n'kulipira padera. Mayiyo adandiuza poyera kuti ndalama za zipinda ziwirizo ndi za feteleza, za chakudya ndi za fizi ya mwana wa ku sekondale. Bajeti idali itapangidwa alendo tisadafike n'komwe.

Usiku umenewo mphwanga adandifotokozera ntchito yake. Adayamba sabata imodzi chikondwerero chisadayambe: kukumba maenje a mpanda, kunyamula milongoti, kusalaza mchenga, kutsitsa masipika ndi zitsulo za nsanja m'malole ochokera ku Blantyre. Masiku a chikondwerero ankathandiza kuongolera galimoto poimika, usiku n'kumatola mabotolo. Chikatha, kugwetsa zonse ndi kukweza m'malole. Pamodzi masiku khumi. Pepala la mgwirizano padalibe, dzina lake lidangolembedwa m'kope la kapitawo, ndipo malipiro amabwera zonse zikatha. Ndidamufunsa kuti nanga masiku ena onse a chaka amatani. Adayang'ana pansi. "Timadikira china, amalume. Pena ukwati, pena msonkhano. Pena kulibe."

Kwa amene sadziwa, mwambo wosonkhana kunyanja chifukwa cha nyimbo si wakale kwambiri. Lake of Stars idayamba mu 2004 ku Chintheche m'boma la Nkhata Bay, woyambitsa wake ndi Will Jameson wa ku Britain. Idachitikapo ku Senga Bay mu 2008 ndi mu 2018, kangapo konse ku Nkopola m'boma la Mangochi, ndipo mu 2024 idachitikira ku Nkhotakota. Sand Music Festival adaiyambitsa ndi malemu Lucius Banda, amene adatisiya mu June 2024, ndipo kwa zaka zambiri mchenga wa ku Senga Bay ndiwo udali kwawo kwa chikondwererochi. Oimba otchuka akunja monga Busy Signal wa ku Jamaica ndi Diamond Platnumz wa ku Tanzania adapondapo pamchengawu. Anthu amenewa adaonetsa dziko kuti Mmalawi akhoza kusunga ndalama, kukwera basi, kukagona kunyanja masiku atatu m'dziko lake lomwe. Dzina la chikondwerero chimene ine ndidapitako sinditchula, chifukwa zimene ndikunena pano si mlandu wa gulu limodzi. Ndi mmene zinthu zimayendera kulikonse kumene kwamangidwa nsanja.

Loweruka ndidayendayenda kunja kwa mpanda. Padali msika wathunthu umene kudalibe Lachinayi. Ziwaya za tchipisi zidandandalika, utsi wa kanyenya uli tolo. Amayi ankagulitsa mpunga, mandasi, zitumbuwa, thobwa ndi madzi ozizira. Mnyamata wina adakoka waya kuchoka m'golosale n'kumatchajitsa mafoni. Wometa adatulutsa mpando wake pansi pa mtengo. Ma ejenti a Airtel Money ndi Mpamba adali ndi mizere, ndipo mmodzi ndalama zidamuthera dzuwa lisadapendeke, mpaka adatuma kabaza ku banki ku Salima. Kugombe, eni maboti ankanyamula alendo kukazungulira chilumba cha Namalenje chimene chimaonekera pafupi. Asodzi a ku Nguwo sadavutike kufuna ogula, chambo ndi kampango zinkathera m'bwato momwemo. Ndidayesa kuwerenga anthu amene ankapeza kangachepe pamalopo, ndidalekera panjira.

Koma nditagula tikiti n'kulowa mkati, ndidaona kusiyana. Mkati ndimo mudali khwimbi lenileni, anthu a ndalama zawo, ndipo akalowa ambiri sankatulukanso mpaka m'mawa. Ogulitsa zakudya a mkatimo, nditacheza nawo, ndidapeza kuti ambiri adachokera ku Lilongwe ndi ku Blantyre. Adabwera ndi nkhuku zawo, mbatatesi zawo, makala awo ngakhalenso antchito awo. Nditabwerera kunja ndidafunsa mayi wina wa chiwaya chifukwa chimene sadalowere mkati. Adati, "Bambo, ndalama yolipira malo mkatimo ndi yoposa mpamba wanga wonse. Ife ndife a kuno kufumbi, timadya zotsala." Sadalankhule mokwiya, adangonena ngati munthu wonena kuti dzuwa likutentha. Mpanda umene mphwanga adakumbira maenje ndi womwewo umene udasiyanitsa ndalama zazikulu ndi anthu a m'mudzimo.

Ndisanamizire okonza zikondwerero kuti amakokolola chuma. Masana a Lamulungu ndidakhala pamthunzi ndi bambo wina wa ku Blantyre amene amayendetsa makina a zokuzira mawu, ndipo adandiwerengera mmene ndalama ya tikiti imagawikira. Pali kulipira malo. Pali nsanja, masipika ndi magetsi, zonse zobwereka ndipo zipangizo zake n'zogula kunja. Pali majenereta amene amamwa dizilo usana ndi usiku, chifukwa palibe angayerekeze kudalira magetsi wamba khamu lili patsogolo pa nsanja. Pali achitetezo, chilolezo cha COSOMA choimbira nyimbo pagulu, msonkho ndi kulengeza pawailesi. Woimba wakunja amafuna madola, ndi matikiti a ndege a gulu lake lonse. Kwacha itagwa ndi 44 peresenti mu November 2023, mtengo wa woimba yemweyo udakwera usiku umodzi, pomwe thumba la wogula tikiti silidakule. "Makampani othandiza akabwerera m'mbuyo, wokonza amapita kwawo ndi ngongole," adatero bamboyo.

Mawu akewo adandithandiza kuona chithunzi chonse. Ndalama yaikulu imadutsa pa Senga Bay ngati madzi a mvula padenga la malata: ina imabwerera m'mizinda kwa eni zipangizo ndi opanga zakumwa, ina imatuluka m'dziko ndi woimba ndi dizilo. Yotsala m'mudzi ndi ya chipinda, ya nsomba, ya kabaza ndi ya ganyu. Ndi yochepa poyerekeza ndi inzakeyo, komabe ndi imene imagula thumba la feteleza ndi kulipira fizi. Tisaipeputse. Bamboyo naye ndi umboni wa mtundu wina wa ntchito. Iye sadikira chikondwerero chimodzi. Sabata ino ali kunyanja, yamawa ali pa ukwati ku Zomba, ina ali pa msonkhano wa mpingo kapena wa ndale. Ali ndi luso limene limayenda naye, ndipo amadya chaka chonse. Mphwanga ali ndi mapewa okha, ndipo mapewa amapezeka m'mudzi uliwonse.

Walira mvula walira matope. Usiku ndidaona atsikana ang'onoang'ono, a msinkhu wa ku pulayimale, akuzungulira pamene padaima galimoto za alendo. Ndidaona anyamata ataledzera akuthamangitsa galimoto pamsewu wodzaza ana. Mayi wa nyumba imene ndinkagona adandiuza kuti masiku amenewa mwana wake wamkazi samutuma kumsika dzuwa likalowa. Zimbudzi kunja kwa mpanda zidali zosakwanira, ndipo aliyense akudziwa kumene anthu amapita zikatero, m'boma limene kolera si mlendo. Mtengo wa nsomba udakwera moti mabanja a m'mudzimo adadya masamba masiku atatu ali m'mphepete mwa nyanja. Izi nazo ndi mbali ya chuma cha chikondwerero, ngakhale sizilembedwa m'buku la aliyense.

Lolemba m'mawa kudali zii. Galimoto zidali zitapita usiku ndi m'bandakucha. Pamchenga padatsala mabotolo, mapepala apulasitiki, nsapato za mwendo umodzi ndi phulusa. Ana ankatola mabotolo okagulitsa kwa amayi a thobwa. Mphwanga ndi anzake ankamasula nsanja, ndipo dzuwa likupendeka adakhala pansi pa mtengo kudikira kapitawo. Adadikira mpaka mdima. Malipiro adabwera Lachitatu, ine nditachoka kale, ndipo adandiimbira kuti adawadula ndalama ya nsima imene ankadya pantchito, zomwe sadauzidwe poyamba. Kukadandaula kuti, popanda pepala? Akale adati mlendo ndi mame. Ndidakwera minibasi yobwerera pamtengo wanga uja, monga adanenera kondakitala.

Kwa achemwali sindidapereke yankho msanga. Ndidawauza kuti ndaona nyanja pa tsiku la phwando, ndiyenera kukaionanso pa tsiku wamba. Ndiye mu February ndidatsikanso. Chezi idali yomweyo koma amayi ankathamangira minibasi imodzi anthu khumi. Chimanga chidali chobiriwira mpaka m'mphepete mwa msewu. Pa Kamuzu Road akabaza ankalimbirana chikwama changa. Mnyamata wanga uja ndidampeza, ndipo adandizindikira. Adati tsopano amadzuka usiku kunyamula amayi a geni ya usipa kupita kugombe, ndipo mwezi umenewo ngongole ya njinga adali asadalipire. Osema ziboliboli ambiri adali atafunditsa katundu wawo ndi mapepala apulasitiki n'kupita kumunda. Chipinda chimene ndidagonamo chidali chosungiramo makasu ndi matumba opanda kanthu. Mphwanga ndidampeza kugombe akuthandiza kuyanika usipa pathandala, malipiro ake kambale ka usipa womwewo.

Paulendo umenewu ndidaphunzira chinthu chimene phokoso la chikondwerero lidandibisira. Ndidacheza ndi bambo wina woperekera zakudya pa hotela ina, amene wagwira ntchitoyi zaka zambiri. Adati, "Achimwene, zikondwerero zimatchuka, koma chimene chimatilipira mwezi ndi mwezi ndi misonkhano." Kuyambira Lolemba mpaka Lachinayi, hotela za kunyanja zimadalira maphunziro ndi misonkhano ya maunduna a boma, mabungwe omwe si aboma, mabanki ndi makampani. Senga Bay ili pafupi ndi likulu, munthu amanyamuka m'mawa ku Lilongwe n'kupezeka pa msonkhano tiyi asadazizire. Anthu makumi atatu akakhala masiku anayi, ndiye kuti zipinda zadzaza, ophika aphika katatu patsiku, ochapa achapa, mlimi wagulitsa mazira, nkhuku ndi masamba, msodzi wagulitsa chambo, madalaivala agona m'malo otchipa a m'mudzi. Palibe ng'oma, palibe chithunzi m'nyuzipepala, koma ndi pamene pali ntchito zokhazikika.

Apa ndidakhala pamphambano. Ine ndine mmodzi mwa anthu amene amadandaula ndi misonkhano ya kunyanja, imene ina imangokonzedwa kuti anthu akalandire alawansi, zokambirana zake zoti zikadatha ola limodzi mu ofesi. Msonkho wake ndi wathu. Nthawi ndi nthawi boma likafuna kumanga lamba limalamula kuti misonkhano izichitikira m'maofesi, ndipo ine ndimaombera m'manja. Bambo uja adandionetsa mbali ina ya lamulolo. Likangotuluka, sabata yomweyo mabungwe amaimba foni kuthetsa malo amene adasungitsa, ndipo oyamba kuuzidwa kuti akapume kunyumba ndi aganyu a kukhitchini ndi okonza m'zipinda. Sindikunena kuti boma liziwononga ndalama pofuna kudyetsa hotela. Ndikunena kuti dera limene moyo wake wapachikika pa alawansi za boma laima pa mwendo umodzi, ndipo mwendowo si wake.

Anthu a kunyanja adaona kale mmene chuma chotere chimagwera. Mu March 2020 boma lidaletsa kusonkhana anthu oposa 100 chifukwa cha Covid-19, ndipo alendo akunja adasiya kubwera. Ophika, oimba, okongoletsa malo, ojambula zithunzi ndi obwereketsa mipando adakhala manja lende. Mu 2024 nyanja idakwera kwambiri, madzi adameza mchenga ndi kulowa m'malo ogona alendo ambiri m'maboma a m'mphepete mwa nyanja. Onjezerani kusowa kwa mafuta a galimoto kumene kwativuta m'zaka zapitazi: munthu sangapite kunyanja asakudziwa ngati akapeza mafuta obwererera. Mlimi mvula ikavuta amakhala ndi munda wake, chaka chamawa adzayesanso. Waganyu wa pachikondwerero chikalephereka satsala ndi kalikonse, ngakhale kalata yosonyeza kuti adagwirapo ntchito.

Zimene ndidaona ku Senga Bay ndi chithunzi cha dziko lonse. Ku Lilongwe tili ndi Bingu wa Mutharika International Convention Centre, imene idamangidwa poyembekezera msonkhano wa African Union wa mu 2012. Msonkhanowo udasamukira ku Addis Ababa dziko lino litakana kulandira Omar al-Bashir wa ku Sudan, ndipo amene adakonzekera alendowo adatsala akuyang'ana kunjira. Malo omwewo adadzalandira atsogoleri a SADC mu 2013 ndi mu 2021, mzinda n'kudzaza. Ku Blantyre chaka ndi chaka kumakhala chionetsero cha zamalonda pa Chichiri. Tili ndi Umthetho ku Hora m'boma la Mzimba, Umhlangano ku Ntcheu, Mulhako wa Alhomwe ku Chonde m'boma la Mulanje, ndipo Achewa amawoloka malire kupita ku Kulamba ku Mkaika m'dziko la Zambia. Paliponse pamenepa telala amasoka, wa minibasi amanyamula, wa chiwaya amakazinga. Onjezerani maukwati ndi zinkhoswe za Loweruka lililonse, mudzaona kuti kusonkhana ndi ntchito yaikulu m'dziko muno, kungoti sitiiwerengera ngati ntchito.

Vuto n'loti zochitika zambiri zimaunjikana pakati pa August ndi November, nyengo yopanda mvula. M'miyezi imeneyi masipika amasowa, zipinda zimasowa, zikondwerero zimalimbirana anthu omwewo ndi makampani othandiza omwewo. Miyezi yotsalayo, zii. Boma limatchula zokopa alendo pamodzi ndi ulimi ndi migodi ngati nsanamira za chuma chathu. Ngati zili choncho, nthambi yoona zokopa alendo, makhonsolo, eni hotela ndi okonza zochitika akhale pansi apange kalendala imodzi ya chaka chonse. April, May ndi June mvula imakhala itatha, dziko lili lobiriwira, anthu atakolola. Mpikisano wa mabwato, chionetsero cha mpunga ndi nsomba, masewero a pamchenga, misasa ya mipingo ndi ya achinyamata, zonsezi zingadzaze miyezi yopanda kanthuyi popanda kulipira woimba m'madola.

Pali chitsanzo cha m'dziko momwe muno chosonyeza kuti mpanda si lamulo la Mulungu. Ku Dzaleka m'boma la Dowa, Tumaini Festival idayamba mu 2014, woyambitsa wake ndi mlakatuli Menes la Plume, amene adafika kuno ngati wothawa nkhondo kuchokera ku Congo. Kulowa n'kwaulere, ogulitsa zakudya ndi zaluso ndi anthu a pamsasa pomwepo, ndipo alendo amalipira kugona m'nyumba za mabanja a othawa kwawo mwadongosolo lodziwika. Sikuti chikondwerero chilichonse chingakhale chaulere, koma nzeru yake ingabwerekedwe. Wokonza angathe kupatula malo angapo mkati mwa mpanda a amayi a m'midzi yozungulira, pamtengo umene angaukwanitse kapena kulipira atagulitsa. Mafumu ndi khonsolo angalembe nyumba zolandira alendo, kuziyendera, ndi kuzilengeza pamodzi ndi matikiti. Ogulitsa ochokera m'tauni angauzidwe kuti makala, masamba ndi nsomba azigula pompo.

Kwa aganyu, chofunika si chachikulu: kapepala konena ntchito, masiku ndi malipiro, kosainidwa ntchito isadayambe. Chikatha chikondwerero, kakalata kochitira umboni kuti uje adagwira nafe. Khonsolo imene imatolera ziphaso za pamsika masiku amenewa ibwezeko pomanga zimbudzi ndi pokhetsira zinyalala, ndipo itumize anthu ndi makope kukawerenga alendo, ogulitsa ndi olembedwa ntchito. Popanda kuwerenga tizingouzana kuti chikondwerero chapindulitsa anthu, osadziwa kuti ndi angati ndipo ndi ati. Makomiti oteteza ana a m'midzi akhale nawo pokonzekera kuyambira pachiyambi, osati kuitanidwa zinthu zitavuta. Ndipo TEVETA ndi sukulu za ntchito zamanja ziganizire kuti kumanga nsanja, kuyala mawaya a magetsi, kuyendetsa zokuzira mawu ndi kuphikira khamu ndi maluso amene msika wake ulipo kale.

Tsiku lomaliza ndidakhala ndi mphwanga pabwato lakale lovundikira, mitambo ikusonkhana cha ku Maleri. Ndidamuuza mawu a mayi ake, kuti ngati ndi zachibwana abwerere akalime. Adakhala chete kanthawi, kenaka adatulutsa foni n'kundionetsa nambala ya bambo wa makina uja wa ku Blantyre. Pa masiku khumi aja, atatha kunyamula, ankakhala pambali pake kuonerera mmene amalumikizira mawaya. Bamboyo adamuphunzitsa kukulunga waya osauthyola mkati, ndi kuzindikira sipika imene yapsa. Adamuuzanso kuti akadzakhala ndi pepala la zamagetsi adzamuimbire. "Amalume, kulima sindikana. Koma ntchito iyi ilipo, ine ndaiona. Chimene ndilibe ndi luso loti andifune ine, osati aliyense wodutsa."

Kwa achemwali ndidakanena kuti mwana sadaname, koma sadanenenso zonse. Ali pantchito masiku khumi, masiku ena ali pa chiyembekezo. Tidagwirizana kuti abwere adzathandize kukolola, tigulitse mbuzi ziwiri ndi matumba angapo a mtedza, ndipo ayese mwayi wa maphunziro a zamagetsi pa sukulu ya ntchito zamanja, monga Salima Technical College imene ili m'boma lomwelo. Akadzalira ng'oma chilimwe chikubwerachi adzapitanso, chifukwa ndalama ya masiku khumi ija ndi imene idzagule zida zake zoyamba. Mayi wa nyumba uja adanditumizira uthenga sabata yatha kuti chimanga cha feteleza wathu uja chacha bwino, ndipo akufunsa ngati chaka chino andisungirenso chipinda. Ndawayankha kuti asunge, ndipo nsomba tidzagula kwa iwo.